Mpanda Wopanda Mitengo: Mbiri ya Malire Osaoneka ndi Kusokonezana kwa Mafunde Ake

Kuyambira pamene munthu anayamba kuweta mbuzi ndi ng'ombe, mpanda unali chinthu chooneka ndi maso: mitengo yozika, miyala younjika, minga yodula kutchire, apo ayi mwana wogwira chikwapu. Mpanda wotere uli ndi ubwino umodzi umene sitiuganizira kawirikawiri. Umathera pomwe wathera. Khola la munthu silingafooke chifukwa choti mnzake wamanga lake pafupi. Vuto la mpanda kulowerera mpanda unzake linabadwa pamene anthu anayamba kuyendetsa magetsi m'waya wa mpanda, linakula pamene wayayo anakwiriridwa pansi, ndipo linasintha nkhope pamene wayayo anachotsedweratu.

Nkhaniyi iyambire ku America. Pa 24 Novembala 1874, mlimi wa ku DeKalb m'boma la Illinois, a Joseph Glidden, analandira chiphaso chotsimikiza kuti waya waminga wa mtundu umene anakonza ndi luso lawo. M'zigwa zikuluzikulu za kumadzulo kwa dzikolo mitengo inali yosowa, choncho wayayu anafala msanga. Anabweretsanso udani. Ku Texas mu 1883 anthu ankadula mipanda ya anzawo usiku chifukwa inkatsekereza ng'ombe kumadzi ndi kumsipu, mpaka chaka chotsatira boma linaika lamulo loti kudula mpanda ndi mlandu waukulu.

Koma chotikhudza pano chinachitika patapita zaka pafupifupi makumi awiri kuchokera pa chiphaso cha a Glidden. Ziphaso zoteteza luso la telefoni la a Alexander Graham Bell zitatha mphamvu mu 1893 ndi 1894, matelefoni anayamba kupezeka mosavuta, ndipo alimi okhala kutali ndi matauni anazindikira kuti ali kale ndi waya wautali wochoka pa famu ina kukafika pa ina. Analumikiza matelefoni awo ku waya wa mpanda. Mawu ankayendadi, ngakhale kuti mvula ikagwa ankazilala, ndipo ng'ombe ikadula waya zonse zinkaima. Popeza nyumba zonse zinali pa waya mmodzi, munthu akaimba belu linkalira paliponse. Alimiwo anagwirizana kuti nyumba iliyonse ikhale ndi kaliridwe kake: iyi kulira kuwiri kwakutali, inayo kumodzi kwakutali ndi kumodzi kwakufupi. Nzeru imeneyi, yopatsa aliyense chizindikiro chakechake pa njira imodzi yogawana, tikumana nayonso kangapo, chifukwa akatswiri a zaka zapatsogolo anabwerera kwa iyo nthawi iliyonse imene zinthu zinathina.

Mpanda wamagetsi wa ziweto unayamba kufala m'zaka za m'ma 1930. Ku New Zealand, pafupi ndi mzinda wa Hamilton, mlimi wina, a Bill Gallagher, anatopa ndi hatchi yotchedwa Joe imene inkadzikanda pa galimoto yawo, ndipo anailumikiza galimotoyo ku magetsi kuti hatchiyo ikaikhudza imve shoko. Kuchokera apo anayamba kupanga makina a mpanda, ndipo kampani yawo inakhazikika mu 1938. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1960, a Doug Phillips a pa malo ofufuzira za ulimi a Ruakura anakonza makina otulutsa mphamvu yaikulu kwa kanthawi kochepa zedi, amene sankafooka udzu ukakhudza waya. Mpanda wotere sutchinga nyama ndi mphamvu ya mitengo. Umaiphunzitsa. Ng'ombe ikamva shoko kamodzi kapena kawiri imaleka kuyandikira.

Ndi mpanda umenewu pamene kusokonezana kunayamba kudandaulitsa anthu. Makinawa amagunda pafupifupi kamodzi pa sekondi, ndipo waya wautali amamwaza kugundako mumpweya ndi munthaka. Oyandikana ndi mafamu ankamva kuti thi, thi, thi m'telefoni ndi m'wailesi, makamaka pamene mfundo za waya zinali zosamanga bwino n'kumathetheka moto, kapena pamene mpanda unayenda mtunda wautali motsatana ndi waya wa telefoni. Panalinso ngozi yoposa phokoso. Mipanda iwiri yoyandikana, uliwonse ndi makina ake ogunda pa nthawi yake, ikhoza kumenya chiweto kapena mwana wogwira mawaya onse awiri mothinana kuposa momwe thupi lingapirire. N'chifukwa chake malamulo a chitetezo a padziko lonse okhudza makinawa amaletsa kulumikiza makina awiri ku mpanda umodzi, amafuna mpata wa mamita 2.5 pakati pa mipanda ya makina osiyana, komanso mamita 10 pakati pa chitsulo cha mpanda chozikidwa munthaka ndi cha magetsi a m'nyumba kapena cha telefoni. Yankho loyamba la anthu linali limeneli: talikiranani.

Mpanda wosaoneka weniweni unayamba ndi agalu. A Richard Peck, amene ankayendayenda ndi malonda m'boma la Pennsylvania, ankamva chisoni ndi agalu ogundidwa ndi magalimoto amene ankawaona m'misewu. Mu 1973 analandira chiphaso cha njira yatsopano yosungira chiweto pamalo amodzi, ndipo mu 1976 a John Purtell anagula chiphasocho n'kuyamba malonda amene anadzatchuka ndi dzina loti Invisible Fence.

Kuti timvetse mavuto amene anadzatsatira, tione bwino momwe mpandawu umagwirira ntchito. Waya wopyapyala amakwiriridwa masentimita ochepa pansi, kuzungulira bwalo lonse, ndipo nsonga zake ziwiri zimabwerera ku kabokosi kolumikizidwa ku magetsi m'nyumba. Kabokosiko kamayendetsa m'wayamo magetsi ochepa amene amasinthasintha kolowera maulendo pafupifupi 10,000 pa sekondi. Wayayo alibe shoko. Munthu akhoza kumugwira. Chimene amachita ndi kutulutsa mphamvu ya maginito yomuzungulira, yolimba pafupi ndi waya, yofooka munthu akamatalikira. Galu amavala lamba m'khosi wokhala ndi kawaya kokulungiza komva mphamvuyo. Akayandikira malire lambayo amalira, ndipo akapitirira amamumenya shoko. Mwini galu amazika timbendera m'malire kwa masabata angapo ndi kuyenda naye pa chingwe mpaka galuyo atamvetsa kuti kulirako kukutanthauza kuti abwerere.

Tsono waya wopita ku malire kuchokera m'nyumba ayenera kudutsa pakati pa bwalo, pomwe galu ayenera kuyenda momasuka. Apa anagwiritsa ntchito nzeru ya a Bell yomwe, amene mu 1881 analandira chiphaso cha mawaya awiri opotana ochepetsa phokoso m'telefoni. Waya wopita ndi waya wobwerera akapotedwa pamodzi, magetsi a mmodzi amalowera uku, a mnzake uko, ndipo mphamvu zawo zimafafanizana. Galu amadutsa pamenepo lamba osalira. Ndi nzeru yabwino, koma m'kati mwake muli chiyambi cha vuto. Chimene chimazimitsa mafunde mwadala pakati pa bwalo chikhoza kuwazimitsanso mwangozi kumalire. N'chifukwa chake munthu wofuna kuyendetsa waya kupita ndi kubwerera m'mbali imodzi amalangizidwa kusiya mpata wa pafupifupi mita imodzi ndi theka, kupanda kutero pamenepo pakhala chipata chosaoneka.

Masiku oyambirira vutoli silinkaoneka kwenikweni, chifukwa mipandayi inali yodula ndipo inali patalipatali. Chiphaso cha a Peck chitatha mphamvu mu 1990, makampani atsopano anatulukira. Imodzi mwa iwo ndi Radio Systems Corporation ya a Randy Boyd ku Knoxville m'boma la Tennessee, yoyamba mu 1991, imene inagulitsa mipanda yotchipa yoti munthu adzikwiririre yekha ndipo mu 2006 inadzagula Invisible Fence yomwe. Posakhalitsa m'madera okhala anthu a kunja kwa mizinda ya America, nyumba zoyandikana zinayamba kukhala ndi mawaya awiri oyenda motsatana m'malire amodzi, wina wa uyu, wina wa neba wake.

Zotsatira zake zinali zozunguza mutu. Mabokosi awiri osadziwana, ogunda pa liwiro lofanana kapena loyandikana kwambiri, sagunda mogwirizana. Mphindi ina mphamvu zawo zimaphatikizana ndipo malire amafutukuka, galu n'kumenyedwa shoko ali pamalo pomwe dzulo ankagona mwamtendere. Mphindi ina zimafafanizana ndipo galu amatuluka lamba ali chete. Nthawi zina lamba amamva mafunde awiri osakanikirana n'kulephera kuzindikira lililonse. Komanso si waya wa neba yekha amene amachita izi. Paipi yachitsulo, waya wa televizioni kapena mpanda wa waya woyenda motsatana ndi waya wokwiriridwa umatola mafundewo n'kuwanyamula kupita nawo kwina, mwina mpaka m'nyumba momwe, kotero galu akhoza kulangidwa ali pakhonde.

Apa ndi pamene nkhaniyi imandikhudza mtima. Munthu akamva thi, thi m'telefoni amadziwa kuti china chalakwika ndipo amakadandaula. Galu alibe kodandaula. Chilungamo chonse cha mpanda wosaoneka chagona pa lonjezo limodzi kwa chiweto: ukamva kulira n'kubwerera, sumva ululu. Akatswiri a khalidwe la nyama akhala akuonetsa kuti ululu umene nyama ingauyembekezere ndi kuupewa suiwononga ngati ululu wobwera mosadziwika. Mafunde akasokonezana lonjezo lija limasweka, ndipo galu amene sakudziwanso pomwe pali pabwino amayamba kuopa bwalo lonse, ena mpaka kukana kutuluka m'nyumba. Nkhawa za mtundu umenewu ndi zina mwa zimene zinachititsa kuti dziko la Wales liletse malamba a shoko pa agalu ndi amphaka mu 2010.

Munthu amene galu wake wayamba kuthawa amaganiza msanga zokweza mphamvu ya kabokosi. Kumeneko ndi kuipitsa zinthu, chifukwa mafunde ake amalowa mozama m'bwalo la neba, nebayo n'kukwezanso ake. Amisiri okwirira mipandayi anaphunzira kuchita zosiyana. Amatsitsa mphamvu kuti chigawo cha malire chichepe, amasendeza waya mamita angapo kuchoka pa wa neba, ndipo pomwe mawaya ayenera kudutsana amawadutsitsa mopingasa ndendende, chifukwa mawaya opingasana sapatsirana mphamvu ngati oyenda motsatana. Makampani nawo anayamba kuika kabatani kosinthira frequency, ndiye kuti kuchuluka kwa kugunda pa sekondi, kuti nyumba ina ikhale cha pa 7,000 pomwe inayo ili cha pa 10,000. Kampani ya DogWatch, yoyamba mu 1990 ku Massachusetts, inasankha njira ya FM m'malo mwa AM pofuna kuti lamba asamanyengedwe ndi phokoso la zipangizo zina. Kenako kunabwera malamba omva chizindikiro chobisika m'mafunde, amene sachita kanthu pokhapokha atamva kagundidwe ka kabokosi ka mtundu wawo. Koma ngakhale zimenezi zimafuna kuti wina agogode pachitseko cha mnzake n'kufunsa kuti mpanda wanu uli pa nambala iti.

Kumapeto kwa zaka za m'ma 1990 kunadza mtundu wina wopanda waya ndi pang'ono pomwe. Kabokosi kamakhala m'nyumba n'kumamwaza mafunde mozungulira mpaka mamita pafupifupi 27, ndipo lamba amachita zosemphana ndi uja woyamba: amakhala chete pomwe akumva mafunde, amalira akayamba kuwataya. Mabokosi awiri a mtundu umodzi akayandikana safafanizana monga mawaya. Mabwalo awo amalumikizana n'kukhala bwalo limodzi lalikulu. Kwa munthu wa bwalo lalitali umenewu ndi mwayi, amangogula kabokosi kachiwiri. Koma neba akagula kake, galu wanu amaona kuti malire a mbali imeneyo asowa ndipo amakayenda m'bwalo la eni, lamba ali chete.

Si agalu okha amene anazunguliridwa ndi waya wokwiriridwa. Mu 1995 kampani ya Husqvarna ya ku Sweden inatulutsa makina otchetcha kapinga odziyendera okha pa mphamvu ya dzuwa, ndipo mu 1998 inatulutsa Automower. Makinawa amadziwa pothera kapinga pomva waya wa m'malire, chimodzimodzi lamba wa galu. M'midzi ya ku Ulaya momwe mabwalo ndi aang'ono ndi othithikana, mawaya a makina oyandikana anakumana ndi vuto lomwe lija, ndipo yankho linali la alimi a telefoni ya pampanda aja: makina alionse ndi pokwerera pake amapatsidwa chizindikiro chawochawo, ndipo zikasokonezana ndi za neba mwini wake amalamula makinawo kupanga chizindikiro chatsopano. Komabe waya wa makina otchetcha ndi waya wa galu akakhala m'bwalo limodzi amavutitsanabe, chifukwa lamba wa galu sadziwa chinenero cha makinawo, amangomva phokoso.

Mkangano umene unaonetsa kutalika komwe mafunde a mpanda angafike unachitika mu 2015. Kampani ya iRobot ya ku Massachusetts inali itadziwika kale ndi makina osesa m'nyumba otchedwa Roomba, amene kuyambira 2002 ankatsekerezedwa pakhomo la chipinda ndi kuwala kosaoneka ndi maso. Kuwala kotero sikudutsa khoma, choncho sikunkavutitsa neba. Pofuna kupanga makina otchetcha kapinga opanda waya wokwirira, kampaniyo inaganiza zozika timitengo totumiza mafunde m'mbali mwa bwalo, ndipo inapempha chilolezo ku FCC, bungwe loyang'anira mafunde ku America, kuti igwiritse ntchito chigawo cha pakati pa 6240 ndi 6740 MHz. Amene anakana sanali aneba kapena eni agalu. Anali akatswiri openda zakuthambo a National Radio Astronomy Observatory. M'chigawo chomwecho, cha pa 6668 MHz, ndi momwe amamvera mafunde ofooka kwambiri ochokera ku mpweya wa methanol m'madera akutali a kuthambo komwe kukubadwa nyenyezi. Mbale yawo yaikulu yomvera mafunde ya ku Green Bank m'boma la West Virginia ili m'dera limene boma linaliteteza ku phokoso la mawailesi kuyambira 1958, ndipo iwo anapempha kuti timitengo ta kapingato tisayandikire malo awo ndi makilomita 89. Mu Ogasiti chaka chomwecho FCC inapereka chilolezocho, koma inalamula kuti mphamvu ikhale yochepa, timitengoto tisatalike kuposa masentimita pafupifupi 60, ndipo tigwiritsidwe ntchito pa nyumba zokhala anthu basi. Makinawo, otchedwa Terra, analengezedwa mu 2019 koma anaimitsidwa mu 2020.

Pa nthawi yonseyi akatswiri a ziweto ankayang'ana lamba wa galu ndi chidwi. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1980 ofufuza a ku Montana anayesa malambawa pa mbuzi, pofuna kuti zidye chomera chowononga msipu pamalo osankhidwa, ndipo ena ku Oregon anayesa pa ng'ombe. Ziwetozo zinaphunzira. Koma kukwirira waya kuzungulira mahekitala zikwizikwi sikunali kosiyana kwenikweni ndi kumanga mpanda. Chofunika chinali choti lamba adziwe yekha pomwe ali. A Dean Anderson, a pa malo ofufuzira a Jornada pafupi ndi Las Cruces ku New Mexico, anathera zaka zambiri pa ganizo limeneli, ndipo mu 2001 analandira chiphaso cha chipangizo cholira kukhutu la kumanzere kapena la kumanja kwa ng'ombe pofuna kuikhotetsa.

Chimene chinatsegula njira ndi GPS. Setilaiti yoyamba ya GPS inakwera mu 1978, ndipo dongosolo lonse linakwanira mu 1995, koma asilikali a America ankasokoneza dala mafunde operekedwa kwa anthu wamba kotero kuti chipangizo chinkatha kuphonya ndi mamita 100. Ndi kuphonya kotere simungaike malire a dimba. Mu Meyi 2000 pulezidenti Bill Clinton analamula kuti kusokonezako kuthe, ndipo usiku umodzi kuphonya kunatsika kufika pa mamita ochepa.

GPS payokha ndi phunziro la momwe olankhula ambiri angagwiritsire ntchito njira imodzi. Masetilaiti onse, ali pa mtunda wa makilomita pafupifupi 20,200 kumwamba, amatumiza uthenga wa anthu wamba pa frequency imodzimodzi, 1575.42 MHz, nthawi imodzi. Sasokonezana chifukwa iliyonse ili ndi mndandanda wake wa zizindikiro 1,023 wobwerezedwa maulendo 1,000 pa sekondi, wochokera m'masamu amene a Robert Gold anafalitsa mu 1967. Mindandayi inasankhidwa kuti isafanane kwenikweni, ndipo chipangizo chofunafuna umodzi chimamva inayo ngati phokoso chabe, monga mayi amazindikirira kulira kwa mwana wake pakati pa ana onse olira kusikelo.

Kuchokera apa zinthu zinayenda mofulumira. Bungwe la kafukufuku la boma la Australia, CSIRO, linayamba ntchitoyi pakati pa zaka za m'ma 2000, ndipo luso lake linadzatuluka ndi dzina loti eShepherd, limene kampani ya Gallagher inadzagula mu 2021. Ku Norway, woweta mbuzi wa ku Batnfjordsøra, a Oscar Hovde Berntsen, anayambitsa Nofence mu 2011 pofuna kuti mbuzi zibwerere kumapiri komwe kumanga mpanda n'kovuta. Ku New Zealand a Craig Piggott, amene anakulira pa famu ya ng'ombe zamkaka ku Waikato, anayambitsa Halter mu 2016. Ku America kunali Vence, imene kampani ya Merck inagula mu 2022. Mlimi amajambula malire ndi chala pa mapu a pa foni, malirewo amatumizidwa ku lamba aliyense, ndipo ng'ombe ikayandikira imamva kulira kokwera pang'onopang'ono. Ikabwerera kulirako kumaleka. Ikapitirira imamva shoko yochepa poyerekeza ndi ya mpanda wamagetsi.

Mtundu umenewu unathetsa vuto lakale la mawaya awiri m'njira imene amisiri a mipanda ya agalu sakanaiganizira. Malire salinso munthaka kapena mumpweya; ali m'kati mwa lamba, ngati manambala. Alimi awiri akhoza kujambula malire awo pamalo amodzi enieni, ng'ombe za uyu zimvera ake, za uyo zimvera ake. Ngakhale m'gulu limodzi, ng'ombe imodzi ikhoza kupatsidwa malire osiyana ndi zinzake. Netiweki ikazima malirewo amakhalabe m'lamba.

Komabe kusokonezana sikunathe, kunangosamuka. Malamba mazanamazana ayenera kutumiza uthenga wa pomwe ali ndi kulandira malire atsopano. Ena amadutsira pa netiweki ya mafoni, ena pa nsanja za sola zozikidwa paphiri, ndipo zambiri mwa nsanjazi zimagwiritsa ntchito luso lotchedwa LoRa, lochokera ku kampani yaing'ono ya ku Grenoble ku France imene Semtech inagula mu 2012. Limayenda m'zigawo za mafunde zosafuna laisensi, 868 MHz ku Ulaya ndi 915 MHz ku America, komwe mamita a madzi, mabelu a chitetezo ndi zipangizo zina zosawerengeka zimalankhulanso. Malamba awiri akalankhula nthawi imodzi pa njira imodzi, mauthenga onse akhoza kutayika. Njira yothana ndi izi inachokera ku yunivesite ya Hawaii, komwe mu 1971 a Norman Abramson ndi anzawo anayambitsa netiweki ya ALOHA: tumiza uthenga waufupi, ukatayika dikira kanthawi kosankhidwa mwamaere, kenako yesanso. Ku Ulaya lamulo limawonjezera kuti m'mbali zina za chigawo cha 868 MHz chipangizo chisalankhule kupitirira gawo limodzi mwa magawo 100 a nthawi, omwe ndi masekondi 36 pa ola. Luso la LoRa lomweli linafika ku Malawi mu 2018 m'nkhalango ya Liwonde, komwe limathandiza oyang'anira nyama kudziwa komwe kuli nyama zovala zipangizo, magalimoto ndi alonda. Kumeneko malire a pa mapu amachenjeza anthu, samenya nyama shoko, ndipo wotchinga njovu akadali mpanda wamagetsi wooneka.

Chofooka chachikulu ndi GPS yomwe. Mafunde ake akamafika pansi amakhala ofooka kwambiri, ndipo denga la malata, phompho kapena nkhalango yowirira zimawanjanjitsa kotero kuti lamba amaganiza kuti ali pamalo ena. Mbuzi yogona m'khola lamalata loyandikana ndi malire ikhoza kuoneka ngati yatuluka pomwe sinasunthe. A Nofence anapanga kachipangizo kopachika m'khola kouza lamba kuti asiye kuwerenga GPS ali pansi pa dengalo. Zina ndi zoposa mphamvu ya mlimi. Pa 10 Meyi 2024 namondwe wa mphamvu zochokera kudzuwa anasokoneza GPS kotero kuti mathirakitala ambiri oyendera GPS ku America anaima pakati pa nyengo yodzala. Kumpoto kwenikweni kwa Norway, ku Finnmark, akuluakulu a boma akhala akudandaula kuyambira 2017 za kusokonezedwa kwa GPS kochokera kutsidya kwa malire ndi Russia. M'kuona kwanga, lamba woyenera kuvekedwa chiweto ndi amene, akakayika za pomwe ali, amangokhala chete. Ng'ombe yotuluka imabwezedwa. Ng'ombe yomenyedwa popanda chifukwa imaleka kukhulupirira kulira kwa lambayo, ndipo mpanda wonse unamangidwa pa chikhulupiriro chimenecho.

Kusokonezana kotsiriza sikuyenda pa mafunde a wailesi. Kuli m'makutu ndi m'mitima ya ziweto. Ofufuza a CSIRO ku Armidale, kuphatikizapo a Caroline Lee ndi a Dana Campbell, anaona kuti ng'ombe sizimvera lamba wawo okha. Imodzi ikatembenuka pamalire zinzake zimatembenuka nayo. Pa nkhosa anapeza kuti gulu limatha kukhala m'malire ngakhale zovala malamba zili ziwiri mwa zitatu zilizonse, koma zikakhala imodzi mwa zitatu mpandawo umafooka. Chimene chimathandiza gulu limodzi chikhoza kusokoneza magulu awiri. Ng'ombe za mbali ino zimamva kulira kwa malamba a mbali inayo ngati malire awo agundana, ndipo zimaonana popanda chotchinga. Nkhunzi ikanunkhiza ng'ombe yofuna kukweredwa tsidya linalo, kapena mayi akamva mwana wake akulira uko, shoko siiletsa. Mpanda wosaonekanso sutchinga galu wolusa, chilombo kapena ziweto za neba zopanda malamba. N'chifukwa chake alimi oweta magulu awiri amasiya mpata waukulu wa msipu pakati pa malire awiriwo, salekanitsa mayi ndi mwana woyamwa ndi mzere wa pa foni wokha, ndipo m'mbali mwa msewu waukulu kapena njanji amazikabe mitengo ndi kukoka waya.